Landeg White: mphunzitsi amene anapeza mbiri m'nyimbo za ku Zambezi

Kodi munamvapo amayi akuimba pamtondo, nyimboyo ikudandaula za mwamuna waulesi kapena apongozi ovuta? Mwamunayo amakhala ali pomwepo, akumva zonse, koma sangakwiye poyera. Akafunsa, amayi aja amangoti, "Aa, ndi nyimbo cabe." Mawu omwewo akanenedwa pakamwa popanda kuimba, bwenzi utabuka mlandu wofika kwa anyakwawa.

Nkhani ino ikunena za munthu amene anathera zaka zambiri akufufuza cinthu cimeneci. Dzina lake ndi Landeg White. Anali katswiri wa zolembalemba, ndiye kuti munthu amene nchito yake ndi kuwerenga ndakatulo, nyimbo ndi nthano, n'kufotokozera ena cimene zikutanthauza ndiponso kumene zinacokera. Anali mzungu wa ku Britain, koma mabuku ake odziwika kwambiri amakamba za kuno kwathu: Zambézia, mtsinje wa Zambezi, mlatho wa ku Mutarara ndi midzi ya kum'mwera kwa Malawi.

Maina ena m'nkhaniyi ndi acilendo. Musataye mtima. Werengani pang'onopang'ono, mukafika pa dzina lovuta lidumpheni kaye, mudzalibwerera.

Kubadwa ndi maulendo ake

A White anabadwa m'caka ca 1940 m'dziko la Wales, pafupi ndi mzinda wa Cardiff. Anaphunzira pa yunivesite ya Liverpool. Atamaliza sanakhalitse kwawo. Anapita kukaphunzitsa ku Trinidad, cilumba ca kutali tsidya la nyanja ya Atlantic, kumene anthu ambiri ndi zidzukulu za akapolo ocokera ku Africa ndi za anchito ocokera ku India. Kumeneko anakonda nyimbo za anthu wamba, mpaka analowa gulu loimba ndi ng'oma zosulidwa ku migolo yacitsulo. Buku lawo loyamba, la m'caka ca 1975, linali lofotokoza zolemba za V. S. Naipaul, mlembi wobadwira pacilumbaco.

Mu 1969 anafika ku Malawi, kukaphunzitsa pa Chancellor College. Inali nthawi ya Kamuzu Banda, pamene munthu ankayamba wayang'ana uku ndi uku asanalankhule za boma. Mu 1970 ophunzira ndi aphunzitsi ena pa sukuluyo anayambitsa gulu la alembi. Ankakumana sabata iliyonse, wina n'kuwerenga ndakatulo yake, anzake n'kumamuuza pamene walemba bwino ndi pamene wafooka. A White anali m'gululo. Munalinso mnyamata wina wa ku Mangochi, Jack Mapanje, amene tikumana nayenso kutsogoloku.

Mu 1972 boma la Malawi linawathamangitsa m'dzikomo. Anapita kukaphunzitsa ku Sierra Leone, kenako ku yunivesite ya Zambia ku Lusaka. Pambuyo pake anabwerera ku Britain, kumene anagwira nchito zaka zambiri pa yunivesite ya York, m'gawo lofufuza za maiko a kum'mwera kwa Africa.

Nyimbo ya Paiva

Apa ndiye pagona nkhani, tiyeni tikhalepo pang'ono.

M'zaka za m'ma 1970, nthawi imene dziko lathu linkalandira ufulu, a White anagwirizana ndi mnzawo wa ku America, katswiri wa mbiri yakale dzina lake Leroy Vail. Awiriwa ankafuna kulemba mbiri ya dera la Quelimane ndi kumunsi kwa Zambezi pa nthawi ya atsamunda. Anawerenga mapepala a boma la Apwitikizi ndi a makampani. Koma mapepalawo analembedwa ndi mabwana. Ankanena matani a shuga amene anatuluka m'fakitale, ndalama zimene zinalowa, ndi ciwerengero ca anchito. Zoti munthu wodula nzimbe ankamva bwanji m'thupi ndi mumtima, mapepalawo anali duu.

Ndiye anatenga makina ojambulira mawu n'kupita kumidzi ya kufupi ndi Luabo ndi Mopeia. Anapempha anthu kuti awauze za kale. Anthu ambiri, makamaka amayi, m'malo mofotokoza ankangoyamba kuimba. Ndipo panali nyimbo imodzi imene inkabwera mobwerezabwereza, mudzi uno ndi mudzi winawo. Inali nyimbo yochula dzina lakuti Paiva.

Paiva anali ndani? Linali dzina la banja lina la Apwitikizi, a Paiva Raposo, amene anayamba minda ikuluikulu ku Mopeia cakumapeto kwa zaka za m'ma 1800. Mngerezi wina, John Peter Hornung, anakwatira m'banjamo n'kuyamba ulimi wa nzimbe. Kampani yake inakula n'kudzakhala Sena Sugar Estates, imene inali ndi mafakitale ku Luabo ndi ku Marromeu. Anthu a m'banja la Paiva Raposo ankayang'anira anchito m'mindamo, ndipo anthu anawakumbukira cifukwa ca nkhanza.

Nyimboyo inayamba ngati ya opalasa mabwato pamtsinje. Inali yaifupi, mmodzi akutsogolera, ena akuvomera. Inkadandaula kuti munthu wagwira nchito yowawa koma malipiro ake ndi osaoneka, ndipo inkamutukwana Paiva mosabisa. Zaka zinapita, Paiva woyamba anamwalira, koma nyimbo sinafe. Inacoka m'bwato n'kulowa m'munda wa nzimbe. Dzina lija linasiya kutanthauza munthu mmodzi. Kapitawo aliyense wankhanza anakhala Paiva. Kampani yonse inakhala Paiva. Pamene boma linayamba kukakamiza anthu kulima thonje cakumapeto kwa zaka za m'ma 1930, amayi anaitenga nyimboyo n'kuikamo madandaulo awo: amuna atengedwa kupita ku cibalo miyezi isanu ndi umodzi, munda wa cakudya wagonera, thonje likacepa mbalamatodya ikudikira. Povina ankacita ngati sewero, wina kukhala msilikali wa boma, wina kukhala mayi womenyedwa, anthu n'kumaseka zinthu zimene zinawaliza dzulo lake.

Cimene cinadabwitsa a White ndi a Vail n'cakuti nyimboyi inkaimbidwa akapitawo ali pomwepo. Munthu akanayerekeza kunena mawu omwewo pamaso pa bwana, akanamenyedwa. Koma poimba ankamusiya. Mwina mabwanawo ankaona kuti nyimbo imafulumizitsa nchito. Mwinanso ankadziwa kuti mwambo wa kuno umalola woimba kunena zimene wolankhula sanganene. Inu mukuudziwa bwino mwambowu, ndi uja tayamba nawo wa pamtondo.

Mu 1978 awiriwa anasindikiza nkhani yaitali yofotokoza mbiri ya nyimbo imodzi yokhayi. Mu 1980 linatuluka buku lawo lalikulu, Capitalism and Colonialism in Mozambique, lonena za cuma ca makampani ndi ulamuliro wa atsamunda m'dera la Quelimane. M'bukumo nyimbo za anthu osadziwa kulemba zinaikidwa pambali pa malipoti a abwanamkubwa, monga umboni wolemera mofanana. Ena mwa akatswiri ankaona ngati nyimbo ndi zokometsera cabe, zoika kumayambiriro kwa mutu kuti buku lioneke bwino. A White ndi mnzawo anazitenga ngati mboni pabwalo la milandu.

Ine ndimati ndikamaphunzitsa anthu amene adzaphunzitse akuluakulu kuwerenga, ndimawauza nkhani ya Paiva. Mayi wa zaka 50 amene wabwera kudzaphunzira zilembo sabwera cimanjamanja. M'mutu mwake muli nyimbo za pamtondo, za paukwati, za pamaliro, zina za nthawi ya nkhondo. Nanunso mungayese. Sankhani nyimbo imodzi imene agogo anu ankaimba, muilembe m'kope mwanu mmene mukuimvera, ngakhale zilembo zina zikhote. Pansi pake lembani amene anakuphunzitsani ndi mudzi wake. Mukatero mwacita nchito yofanana ndi imene anthu awiriwa anayambira.

Mabuku awiri a ndakatulo zapakamwa

Mu 1983 a White ndi a Jack Mapanje anatulutsa buku lochedwa Oral Poetry from Africa. Anasonkhanitsamo ndakatulo ndi nyimbo zapakamwa zocokera m'maiko ambiri a mu Africa, zomasuliridwa m'Cingerezi: zotamanda mafumu, za alenje, za cikondi, za nchito, zodzudzula olamulira. Colinga cinali cakuti ana a sukulu aziwerenga nyimbo za makolo awo monga ndakatulo zenizeni.

Buku lina, limene ambiri amati ndilo lofunika koposa, linatuluka mu 1991. Analemba ndi a Vail, ndipo dzina lake ndi Power and the Praise Poem, kutanthauza mphamvu za olamulira ndi ndakatulo zotamanda. Bukuli limayamba ndi kutsutsa. Panali akatswiri ena ku Ulaya ndi ku America amene ankaphunzitsa kuti munthu wosadziwa kulemba amaganiza mosiyana ndi wodziwa kulemba, kuti amangobwereza mawu oloweza osawasinkhasinkha. A White ndi a Vail anati zimenezo n'zabodza. Anaonetsa kuti woimba amasankha mawu mwanzeru, amasintha nyimbo nthawi zikasintha, ndipo amadziwa bwino amene akumulasa.

Umboni anautenga m'madera ambiri. Analemba za alakatuli a mafumu a Amandebele, a Abasotho ndi a Amaswazi, amene potamanda mfumu ankathanso kuidzudzula. Analemba za Acopi a ku Zavala, m'cigawo ca Inhambane, amene nyimbo zawo za timbila zinkanena za misonkho, za cibalo ndi za amuna opita kumigodi ya ku South Africa. Analemba za vimbuza wa Atumbuka, mmene mayi wovutika m'banja amatulutsira madandaulo ake mizimu ikamugwira, apongozi n'kumamvetsera osayankha. Nyimbo ya Paiva ilinso momwemo. Iwo ankati nyimbo zotere zili ngati mapu a zimene anthu anadutsamo.

Mutu wina wa bukuli ukunena za Jack Mapanje, ndipo nkhani yake ikuonetsa pamene ufulu wa woimba umathera. A Mapanje anatulutsa buku la ndakatulo mu 1981, Of Chameleons and Gods, lokamba za abirimankhwe ndi milungu. Ankalemba mophiphiritsa ngati mmene amacitira oimba a kumudzi. Koma boma la Banda silinatsate mwambo uja wolekerera woimba. Pa 25 Sepitembala 1987 apolisi anawagwira ku Zomba n'kuwatsekera kundende ya Mikuyu, popanda mlandu, popanda kuwatengera kukhoti. Anakhalamo mpaka Meyi 1991. A White anali mmodzi mwa anthu amene analimbikira kulemba makalata ndi kudziwitsa dziko lonse kuti mnzawo amasulidwe. Atatuluka, a Mapanje ndi banja lawo anapita kukakhala ku York komweko.

Magomero

Buku limene anthu wamba amalikonda kwambiri linatuluka mu 1987. Limachedwa Magomero: Portrait of an African Village, ndiye kuti cithunzi ca mudzi wa mu Africa. Magomero ali m'boma la Chiradzulu ku Malawi. Bukuli limatsata malo amodzi okhawa kucokera mu 1859 mpaka mu 1985.

Mwina mukufunsa kuti, nanga ife za mudzi wa ku Malawi zikutikhudza bwanji? Zikutikhudza katatu.

Mu 1861 David Livingstone anaperekeza amishoni a Anglican, otsogozedwa ndi Bishopu Mackenzie, kukwera mapiri a kum'mawa kwa mtsinje wa Shire. Panjira anakumana ndi gulu la akapolo omangidwa m'magoli, akuwatengera ku Tete. Anamasula anthu 84, ambiri a iwo amayi ndi ana, ndipo anthu amenewa ndiwo anakhala mpingo woyamba wa pa Magomero. Mishoniyo sinakhalitse. Kunali nkhondo, njala ndi matenda, ndipo bishopuyo anamwalira ndi malungo mu Januwale 1862. Koma bungwe lomwelo la amishoni linadzabwereranso patapita zaka, n'kukhazikika pa Likoma ndi ku Messumba. Inu a m'mbali mwa nyanja ku Lago, chalichi cimene ambiri a inu mumapempheramo cinayamba ulendo wake pa Magomero.

Cacitatu ndi Alomwe. Malo a Magomero anadzakhala munda waukulu wa banja la Bruce, mkamwini wa Livingstone. Anchito ambiri pamundapo anali Alomwe othawa msonkho ndi cibalo kuno ku Mozambiki. Anathawa moto n'kukagwera m'madzi otentha, cifukwa kumeneko anapeza thangata, kugwira nchito kwa mwini munda monga lendi ya malo okhalapo. Woyang'anira mundawo, William Jervis Livingstone, anachuka ndi nkhanza, ndipo anaphedwa pa 23 Januwale 1915, usiku umene anthu a John Chilembwe anaukira atsamunda.

Nkhani ya Chilembwe inalembedwa kale ndi ena. Cimene a White anawonjezera ndi anthu amene maina awo sapezeka kawirikawiri m'mabuku. Anapita kukakhala pansi ndi anthu a m'midzimo, n'kuona kuti azungu, amishoni ndi akapitawo ankabwera n'kupita, koma amene ankasunga mudzi anali amayi, popeza kumeneko mwamuna ndiye amapita cikamwini ndipo munda umatsata mbumba. Bukuli limawerengeka ngati nthano, koma zonse zili m'menemo zili ndi umboni wake.

Mlatho wa Dona Ana

Amene munafikako ku Mutarara mukuudziwa mlatho wa njanji wolumikiza Dona Ana ndi Sena. Ndi wautali pafupifupi makilomita 3,7, ndipo pamene unatsegulidwa mu 1935 unali m'gulu la milatho ya njanji yaitali kwambiri padziko lonse. Mu 1993 a White analemba buku lonse la mlatho umenewu, Bridging the Zambezi: A Colonial Folly. Mawu omalizawo akutanthauza kupusa kwa atsamunda.

Kupusa kwake kunali pati? Mlathowo unamangidwa m'dziko lolamulidwa ndi Apwitikizi, koma ndi ndalama za ngongole yocokera ku Britain, kuti katundu wa Nyasaland, amene lero ndi Malawi, azifika kudoko la Beira. A White anafufuza makalata a ku London ndi ku Lisboa n'kupeza kuti amene anapindula kwambiri anali eni makampani a njanji ndi mafakitale a zitsulo a ku Britain, amene nthawi imeneyo ankasowa nchito. Ngongole inatsalira Nyasaland, dziko losauka, ndipo inadya ndalama zimene zikanamanga sukulu ndi zipatala.

Apa ine ndimasiyana nawo pang'ono. Powerengera ndalama, a White ananena zoona. Koma mukafunsa mayi amene amawoloka pamlathopo ndi dengu la tomato kupita kumsika wa tsidya lina, osaopa ng'ona kapena bwato kugubuduzika, sanganene kuti ndi kupusa. Mlathowo unawonongedwa pa nkhondo ya m'zaka za m'ma 1980, unakonzedwa kuti pazidutsa magalimoto, kenako unabwezeredwa njanji ndipo sitima za malasha a ku Moatize zinayamba kudutsapo. Amene anaumanga ankaganiza za Beira ndi London. Anthu a m'mbali mwa mtsinje anaupezera nchito yawoyawo.

Ku Portugal ndi ndakatulo ya Camões

Mu 1994 a White anasamukira ku Portugal, kumene anapitiriza kuphunzitsa. Kumeneko anagwira nchito ina yovuta, yomasulira m'Cingerezi ndakatulo yaikulu ya Apwitikizi, Os Lusíadas. Ana anu amene anafika ku sekondale angakhale atalimvapo dzinali. Anailemba Luís de Camões ndipo inasindikizidwa mu 1572. Ili ndi zigawo 10 ndi ndime 1.102, iliyonse ya mizere 8. Imasimba ulendo wa panyanja wa Vasco da Gama wopita ku India, amene anaima pamtsinje wa ku Quelimane ndi pa Ilha de Moçambique mu 1498.

Camões mwini wake anakhalapo pa Ilha pafupifupi zaka ziwiri, kuyambira mu 1567, ali pa ulendo wobwerera kwawo kucokera ku India. Ndalama zinamuthera, ndipo anzake ndiwo anasonkha kuti akwere combo.

Mwina n'zodabwitsa kuti munthu amene analemba za nkhanza za atsamunda n'kudzamasuliranso ndakatulo yotamanda oyambitsa utsamundawo. Ndakatuloyo sinena zabwino za anthu a pa Ilha, imawaonetsa ngati acinyengo. Koma paja a White anali atathera zaka akuphunzira ndakatulo zotamanda mafumu, ndipo ankadziwa kuti wotamanda waluso amabisa cidzudzulo m'kati mwa citamando. Mwa Camões anapezamo zomwezo. Muli nkhalamba ina imene imaima padoko zombo zikunyamuka, n'kudzudzula dyera ndi kufuna kuchuka kumene kukuwatuma amalinyerowo. Anaonanso kuti Camões anali ataona ndi maso ake magombe a Africa ndi India amene ankalemba, pamene omasulira ambiri akale sanafikeko. Kumasulira kwawo kunatuluka mu 1997 ku Oxford, ndipo kunalandira mphotho ya Teixeira-Gomes, yoperekedwa kwa omasulira bwino kucokera m'Cipwitikizi. Mu 2008 anatulutsanso ndakatulo zifupizifupi za Camões m'buku limodzi.

Iwonso anali mlakatuli. Anasindikiza mabuku angapo a ndakatulo zawo, loyamba mu 1983 lochedwa For Captain Stedman, ndipo analembanso nkhani zopeka, monga Livingstone's Funeral ya mu 2010. Koma zimenezi sizinachuke ngati mabuku a kafukufuku aja.

Pali cinthu cimodzi cimene cimandiwawa ndikaganiza za nchito yonseyi. Mabuku onsewa analembedwa m'Cingerezi, n'kusindikizidwa ku Britain ndi ku America. Amayi a ku Luabo amene anaimba pamaso pa makina aja anaimba m'Cisena ndi m'zinenero zina za kumunsi kwa Zambezi. Mawu awo akuwerengedwa m'mayunivesite a kutali, pamene adzukulu awo ambiri, ngakhale amene anapita kusukulu, anaphunzira Cipwitikizi, osati Cingerezi. Fakitale ya ku Luabo inawonongeka pa nkhondo ndipo sinadzukenso. Ya ku Marromeu inakonzedwa ndipo inayambanso kugaya nzimbe.

A Leroy Vail anamwalira mu 1999. A Landeg White anamwalira ku Portugal mu Disembala 2017, ali ndi zaka 77.